Kulapa kwa Chester wa Kanema

Pa Nsanama panalibe munthu wosadziwa kuti Chester adalapa, poti mwini wakeyo sankalola dzuwa kulowa asanakumbutse anthu. Ankanena kuchigayo, ankanena pogula fodya, ankanena ngakhale pamaliro a eni. Anthu ena kulapa kwawo kumakhala kwa mumtima, umangozindikira wekha kuti uje masiku ano adasiya zakutizakuti. Kwa Chester kunali kwa pakamwa, ndipo kunali ndi injini yakeyake.

Bernadetta, mkazi wa telala Hamadi, adayamba kumuonetsetsa munthuyu chaka chimene adabereka Zaina. Mwana akakhala wa m'manja mayi sapita kutali, amangokhala pakhonde n'kumaona zimene oyendayenda saziona. Khonde lake linali la sitolo yakale pomwe mwamuna wake ankasokera, moyang'anana ndi shedi ya mbewu imene Chester ankaonetseramo kanema Loweruka lililonse masana, mazenera atatsekedwa ndi ziguduli. Ankamuona akutsika panjinga, malaya ofiira a Yufi, gulu la achinyamata a Chipani, atawapisira mwamphamvu, chipeso chikusuzumira m'thumba lakumbuyo, akuponda pansi ngati dothi lonse la Machinga adachita kugula yekha.

Kwawo kwa Chester kunali kufupi ndi Nkaya, pamene njanji zimagawikana, ina n'kulowera ku Nayuchi. Sukulu adaisiya atangodziwa kulemba dzina lake, ndipo maphunziro amenewo adamukwanira, poti kupolisi safunsa zoposa pamenepo. Ntchito yake yoyamba, ngati tingaitche ntchito, inali yokwera mabogi a sitima ya katundu ikamayenda pang'onopang'ono pamphambano, n'kumagubuduzira matumba a shuga ndi feteleza kutchire. Anzake a ntchitoyo ankati ngakhale kubako sankakutha. Tsiku lina adagubuduza thumba la simenti poyesa ufa, nalisenza mpaka kumudzi mvula ili pamsana, kukafika nalo litasanduka mwala. Sitima itamukanika adatembenukira kumakonde a masitolo. Ndi nthawi imeneyo pamene Hamadi, akadali mbeta akusokera pa Balaka, adapita kumzikiti Lachisanu, pobwera n'kupeza makina ake atatsala miyendo yokha, mutu palibe. Anthu adamuona Chester tsikulo atasenza chinthu cholemera chokulunga m'chiguduli, koma mutuwo sudapezeke. Adakamangidwa pa mlandu wina, wa mbuzi, nakagwira ukaidi ku Zomba.

Atatuluka adalembedwa ntchito yosesa kwa Mmwenye wina wa sitolo pa Balaka, amene anali ndi makina a kanema oonetsera ana ake. Chaka chimene Amwenye adauzidwa kuti asamukire m'mizinda ikuluikulu, makinawo, kainjini kake ndi zitini za kanema mmodzi zidatsalira m'manja mwa Chester. Iye ankati adachita kupatsidwa chifukwa cha kukhulupirika. Mmwenyeyo anali ku Limbe, sakadatha kutsutsa. Mwezi womwewo Chester adavala malaya ofiira, ndipo nkhani idathera pomwepo. Khoswe akakhala pamkhate sapheka.

Kanemayo anali wakalekale, wopanda mitundu, wodzaza mizere ngati mkati mwakemo mukugwa mvula. Mbala ina ya mumzinda wa Azungu, pothawa apolisi, imagwa padenga n'kufa, n'kutsikira kumoto. Kumeneko imapeza Satana, osati wa mchira uja wa m'mabuku a katekisimu, koma njonda ya suti yakuda ndi ndodo, tinyanga take titabisala m'chipewa. Mbalayo, poti manja ake sadazolowere kukhala chete, imayamba kuba kumoto komweko: makiyi, mafoloko a ziwanda, mpaka makala okolezera motowo, ochimwa n'kuyamba kudandaula kuti kukuzizira. Satana amatopa nayo, n'kuibweza kudziko kuti ikamusocheretsere mayi wina wachifundo wophikira ana amasiye. Koma choipa chilichonse chimene mbalayo imayesa chimatembenuka n'kukhala chabwino, mpaka iyo yomwe mtima umayamba kufewa. Chitini chomaliza chidanyowa ndi mvula, filimu n'kumatana, moti mathero ake palibe adawaonapo. Pamenepo Chester ankazimitsa injini, n'kukaima kutsogolo kwa nsalu yopanda kanthu, n'kumaliza nkhaniyo ndi pakamwa.

"Ndipo mbala ija idalapa, abale anga. Mukufuna kuiona? Nayi pano." N'kudzimenya pachifuwa.

Azungu a m'kanemamo ankalankhula Chingerezi cha m'mphuno, ndiye Chester ankaima pambali n'kumamasulira. Chingerezicho sankachidziwa. Bernadetta, amene adafika Fomu 2 asanasiye sukulu, adamvapo Satana akufunsa kuti nthawi ili bwanji, Chester n'kuuza anthu kuti, "Akuti nsomba za ku Chiuta zakwera mtengo, iwo sagulanso." Anthu ankaseka mpaka kupukuta misozi. Bernadetta sadauze munthu. Masiku amenewo kudziwa chinthu chimene wa malaya ofiira sakuchidziwa sikunali nzeru.

Luso lake lenileni linali lopereka maina. Aliyense wa m'kanemamo ankamupatsa dzina la munthu wa pa Nsanama pomwepo, ndipo n'chimene chinkadzaza shedi ngakhale kanemayo anali yemweyemweyo. Wapolisi wonenepa anali mwini butchala. Mayi wachifundo anali mkazi wa Tcheyamani wa Chipani wa pamalopo, sabata ndi sabata, osasintha. Mbala inali Chester. Dzina la Satana lokha ndi limene linkasintha, ndipo anthu adachedwa kuzindikira kuti limenelo silinali nthabwala.

Woyamba anali Elliam, wokhoma zidebe ndi mbaula, wa mpingo wa Mboni, munthu wosayankha ngakhale umuponde chala. Adakana kugula khadi la Chipani monga ankachitira a mpingo wake. Loweruka lina Satana atangovula chipewa, tinyanga n'kuoneka, Chester adati, "Taonani a Elliam atulukira, akudabwa kuti kumoto kuno mbaula amagula kwa ndani." Shedi yonse idaseka. Loweruka linalo chimodzimodzi, linalonso chimodzimodzi. Ana adayamba kumutsata Elliam mumsewu ataika zala pamutu. Pofika tsiku limene Landirova ya boma idaima pakhomo pake kudzamutenga, anthu anali atazolowera kale kumuona ngati chinthu choseketsa, moti palibe adatuluka m'nyumba. Nyundo zake ndi sizasi yodulira malata zidakaoneka pamsika wa Liwonde, wogulitsa wake msuweni wa Chester. Atachoka Elliam, Satana adatenga dzina la mphunzitsi wina wochokera kumpoto, ndipo nayenso adapita osatsanzika.

Bernadetta adaziona zonsezi ali pakhonde, n'kuzisunga. Vuto linali mwamuna wake. Hamadi anali munthu wabwino, wosamenya, wosamwa, wa msoko wowongoka, koma pakamwa pake panalibe chitseko.

Tsiku lina la msika Chester adabwera ndi thalauza loti aliike chigamba. Pakhonde panali anthu odikira zovala zawo, ndipo Chester akaona anthu opitirira awiri atakhala pansi, ulaliki unkangobwera wokha.

"Ine, Che Hamadi, ndinali munthu woipa. Inu mukudziwa."

"Ndikudziwa," adatero Hamadi, ulusi uli kukamwa.

"Koma lero tandionani. Satana adandisiya. Chipani chidanditola m'matope n'kundisambitsa."

"Alihamudulila. Nanga pokusiyanipo, sadakupatseni mutu wa makina anga kuti mudzandibwezere? Kapena adapita nawo kumoto, akusokera ziwanda makabudula?"

Anthu adaseka asanaganize, kenako adaganiza, n'kusiya. Mayi wina adayamba kufunafuna kanthu m'dengu lake. Chester yekha ndi amene adapitiriza kuseka, nthawi yaitali, maso ali pa Hamadi. Adatenga thalauza lake chigamba chisanathe, nalikoleka paphewa, napita. Bernadetta ankayamwitsa pakona pa khondelo, ndipo adamuperekeza ndi maso mpaka adakalowa m'shedi.

Anthu atabalalika Bernadetta adati, "Abambo a Zaina, pakamwa panupo padzatisiyitsa nyumba ino."

"Ndanama?"

"A Elliam adanama chiyani?"

"Aja inali nkhani ya khadi. Ine khadi ndili nalo, inu muli nalo, mwanayu ali nalo asanamere ndi dzino lomwe. Adzandimangira chiyani?"

"Adzachipeza ali m'njira."

Hamadi adangopukusa mutu n'kuponda makina. Anali a thukuta lake, makina amenewo: adawapeza atasokera anthu ena zaka zambiri, ndipo nthawi iliyonse lamba akaduka ankakumbuka akale aja.

Loweruka Bernadetta adabereka mwana kumsana, nawoloka msewu, nakakhala kumbuyo kwenikweni kufupi ndi chitseko. Adadikira mbala igwe padenga, adadikira itsikire kumoto. Satana adavula chipewa.

"Eee, Che Hamadi atulukira. Sutiyo adzisokera okha, taonani mkono wina kutalika."

Shedi idagwedezeka ndi phwete. Amayi amene ankatunga nawo madzi pamjigo adaseka, kenako adacheuka n'kumuona, n'kupitiriza kusekera m'zitenje. Bernadetta adawayang'ana mmodzimmodzi. Awa ndi aja adabwera kudzaona mwana atabadwa, atanyamula ufa ndi sopo. Mano omwewo.

Loweruka linalo Satana analinso Hamadi. Ana adayamba kudutsa pakhonde zala zili pamutu. Mayi wina amene adasiya nsalu ya yunifolomu adabwera kudzaitenga isanadulidwe, akuti wasintha maganizo. Hamadi ankachita ngati sakuona, koma adasiya kuimba posoka. Bernadetta tulo tidamuthawa. Galimoto iliyonse yochokera ku Liwonde ankaimvetsera kuyambira kutali, kuti adziwe ngati ili lole ya mbewu kapena ina ija, ndipo ikadutsa osaima ndi pamene ankazindikira kuti wamufinya mwana.

Adagwira tambala wake, yekhayo amene anali naye, napita naye kwa Chester mwamuna wake osadziwa. Adagwada pakhomo monga achitira munthu kwa apongozi.

"Aa, mlamu, mwavutikiranji?" adatero Chester, akumupima tambalayo m'manja. "Zija ndi nthabwala chabe. Anthu amafuna kuseka. Ine munthu wolapa ndingasunge mangawa?"

Tambala adadyedwa Lachitatu. Loweruka Satana anali Hamadi, ndipo ulendo uno adapatsidwanso mkazi wodziwa kugwada.

Kenako kudamveka kuti Lachisanu kudutsa akuluakulu a Chipani ochokera kuboma, pamodzi ndi mkulu wina wa Apayoniya, asilikali a Chipani aja, ndipo aima pa Nsanama kuti aone kanema amene akuti akutembenuza mbala. Chester ndi amene adadzitamira mpaka mbiri idafika kumeneko. Bernadetta sadafune womasulira. Dzina likatchulidwa pamaso pa anthu a pamsika limatenga masabata kuti lipse. Likatchulidwa pamaso pa anthu obwera pa Landirova, amangonyamuliratu.

Chester adabwera pakhonde ali ndi chimwemwe cha mbuzi yosadziwa kuti amalonda ali pafupi. Kansalu kake ka masiku onse, kabedishiti kachikasu komangirira pamitengo iwiri, akuti sikoyenera alendo. Chipani chikufuna nsalu yaikulu, yoyera, yoti ngakhale wokhala kumbuyo aone mpaka mano a Satana.

"Muli nayo yoyera ija, Che Hamadi. Ndidaiona."

"Ija ndi ya sanda. Ndimasungira maliro."

"Akufa sathamanga. Chipani chikufuna Lachisanu."

Chester atachoka, Hamadi adalavula. "Ngwamba, iyayi. Nsalu yokulungira Asilamu ndikaonetserepo Shetani? Ndiponso Shetani wake ine ndemwe?"

"Sokani."

"Amayi a Zaina..."

"Sokani, ndapota nanu. Mukakana mwamupatsa chimene akufuna. Adzati telala wakana ntchito ya Chipani, ndipo sadzafunikanso kunama." Bernadetta adaika mwana pamiyendo pa mwamuna wake, pamwamba pa nsalu zodula. "Kanani muli chimuyang'anire ameneyu."

Hamadi adasoka. Adalumikiza zidutswa zinayi zikuluzikulu, napinda m'mphepete, naika timakutu tomangirira zingwe, poti ngakhale atakwiya sankatha kusoka zoipa. Lachisanu dzuwa lili pamutu adasamba, navala mkanjo ndi kofiya kuti apite kumzikiti.

"Mukamupatse ndinu, ine ndingamulavulire. Mukamuuze aimange m'munsi. Mtanda wa pamwamba uja udadyedwa ndi chiswe, nsaluyi ndi yolemera, ingagwere anthu."

Bernadetta adasenza mtolowo nawoloka msewu. M'shedi munali amayi a Chipani akusesa ndi kuwaza madzi, mkazi wa Tcheyamani akuwalozera ndi chala. Chester anali pakati, akupukuta makina ake ndi mpango. Bernadetta adatula nsalu, ndipo podzuka maso ake adagwa pa msomali.

Unali msomali wamba, wokhomedwa pa nsanamira ya kumanja, kutsogolo, pamwamba pang'ono pa mutu wa munthu wamtali. Masiku onse unkakhala wopanda kanthu. Koma munthu wokhala pakhonde la kutsidya adaonapo kambirimbiri Tcheyamani akulowa m'shedimo pa tsiku la msonkhano atafukata chithunzi cha Mtsogoleri wa dziko, ndipo ankadziwa pamene chimakapachikidwa. Ankadziwanso chimene ngakhale mwana wa Sitandade 1 ankadziwa: pamwamba pa chithunzi chimenecho sipakhala kanthu. Wotchi imatsitsidwa, kalendala imatsitsidwa. Kabedishiti ka Chester kankathera m'munsi mwa msomaliwo, n'chifukwa chake nkhaniyi inali isanabukepo. Ndipo kanemayo Bernadetta anali atamuloweza ngati pemphero. Ankadziwa kuti Satana akavula chipewa nkhope yake imadzaza nsalu yonse, n'kuyang'ana pansi chakumanja kumene kwagwada mbala, n'kuloza ndi ndodo, n'kuseka.

Adayang'ana msomali, nayang'ana mtanda wa pamwamba. Uthenga wa mwamuna wake akadatha kuunena chapansipansi, pambali, ndipo mwina Chester akadamvera, poti wakuba amaopa kugwa. Koma iye anali atamuonetsetsa munthuyu chaka chathunthu. Adapinda bondo, nakweza mawu kuti afike mpaka kwa wosesa kuchitseko.

"A Chester, abambo a Zaina akuti muimange m'munsi muno, monga mwa masiku onse. Akuti musaikweze."

Matsache adaima.

"Akuti chiyani?"

"Akuti musaikweze, iyayi. Amayi, mwamva nanunso, ine uthenga ndapereka."

"Telala andiphunzitse kanema ine?" Chester adayang'ana amayiwo kuti aone ngati amva chipongwecho. "Munthu wodziwa kuyeza matako a anthu basi, lero akuyeza ntchito ya Chipani?"

"Mverani mmisiri, a Chester," adatero mkazi wa Tcheyamani. "Wasoka ndi iyeyo."

"Mmisiri wa kumoto, mayi. Tandipatsirani makwerero."

Adakwera yekha. Wina atafuna kumuthandiza adamukaniza, akuti ntchito imeneyi imafuna munthu wodziwa. Adamangirira timakutu tonse pamtanda wa pamwamba penipeni, fumbi la chiswe likumugwera m'maso, nsalu n'kutambasuka kuchokera kudenga, yoyera mbee. Ali pamwambapo adasuzumira pansi.

"Mlamu, mukawauze amuna anu kuti lero akwera kumwamba koyamba."

Amayi adaseka. Bernadetta adaweramitsa mutu natuluka. Mtanda sudathyoke. Chiswe nachonso chinali ndi nzeru zake.

Hamadi atabwerako kumzikiti, mkazi wake adamuuza kuti akhale pamakina, asachoke, aliyense wodutsa amuone akusoka. Sadamuuze chifukwa. Alendo adafika dzuwa litapendeka, fumbi lili koboo. M'shedi munali kale mdima wa ziguduli. Tcheyamani adalowa ndi chithunzi, nachipachika pamsomali wake mopapasa, maso ali kwa alendo kuti aone ngati mipando yawakwanira. Anthu adaimirira, adaimba nyimbo ya fuko, adakhala. Bernadetta adaima kumbuyo, phewa litatsamira chitseko.

Injini idalira. Chester anali atadzola mafuta mpaka kuwala mumdima. Adaima chopereka msana kunsalu, nkhope kwa alendo, poti kanemayo ankamudziwa ndi makutu. Mbala idathamanga padenga, mkulu wa Apayoniya adaseka pang'ono, ndipo shedi yonse idaseka pambuyo pake. Mbala idagwa. Idatsikira kumoto. Njonda ya suti idatulukira, nigwira chipewa.

Nkhope ija idadzaza nsalu kuchokera kudenga, yaikulu ngati chitseko cha sitolo, tinyanga titafika kumalata. Idatembenuka, niyang'ana pansi chakumanja. Kuwala kwa nsalu kudagwera pagalasi la chithunzi, chili m'munsi, chaching'ono. Ndodo idaloza pomwepo. Satana adayamba kuseka.

Palibe adaseka naye. Chester adayesa kuti anthu akudikira dzina, ndipo adakoka mpweya kuti alitulutse bwino.

"Akuluakulu athu, njonda mukuionayi si yachilendo iyayi. Ndi ya pompano pa Nsanama. Ameneyu ndi Che..."

"Zimitsa," adatero mkulu wa Apayoniya.

Sadakweze mawu. Chester adacheuka, naona chimene anthu onse ankaona, ndipo m'malo mothamangira kumakina adangoima kukamwa kuli yasa. Satana adapitiriza kuseka, akugwedeza ndodo, mpaka Tcheyamani adadumpha mabenchi nakazula waya ndi manja ake. Wina adang'amba chiguduli pazenera. Dzuwa lidalowa n'kupeza anthu onse akuyang'ana mapazi awo.

"Wamanga nsalu iyi ndani?"

"Bwana, wasoka ndi telala," adatero Chester. Mawu ake anali atachepa ngati a mwana. "Hamadi, wa kutsidyaku. Ndi iyeyo adaikulitsa dala, munthu ameneyu ine ndakhala ndikumukayikira, ndimati ndikuuzeni lero lomwe..."

Bernadetta adamva dzinalo likutuluka. Akadalankhula iye, akadangokhala mkazi woikira kumbuyo mwamuna wake.

"Telala adatumiza mawu kuti isakwezedwe," adatero mkazi wa Tcheyamani, ataimirira. "Pamaso panga. Awa adakana, adakwera okha pamakwerero. Amayi, sitidamve?"

"Tidamva," adayankha amayi onse pamodzi, ngati kutchalitchi.

Sichinali chifundo, Bernadetta ankadziwa. Chithunzicho adapachika ndi mwamuna wa mayiyo, ndipo mlanduwo ukadapanda kupeza mwini msanga ukadagona kunyumba kwawo. Mano omwe aja adaseka Elliam, adaseka mphunzitsi, adaseka Hamadi, lero anali mboni za choonadi. Koma munthu womira safunsa kuti bango lamera pa ndowe ya yani.

Chester adagwada pafumbi. Adati iye ndi wolapa, aliyense akudziwa, afunse aliyense. Adati ndi mwana wa Chipani. Adayamba kulira, misozi yeniyeni, n'kumakwawira kunsapato za mkulu uja.

"Ukalapanso kutsogoloku," adatero mkuluyo. "Muvuleni malayawo."

Adamukweza pamodzi ndi makina ake, kainjini ndi zitini zonse, chomatana chija chomwe. Landirova idadutsa pakhonde la telala osaima. Hamadi, phazi lili pachopondera, adaiperekeza ndi maso mpaka fumbi lidatha, kenako adayang'ana mkazi wake amene ankawoloka msewu.

"Chachitika n'chiyani?"

"Sokani," adatero Bernadetta. Adakhala pansi pakona pake, namasula mwana, nayamba kumuyamwitsa.

Nsaluyo palibe adafuna kuikhudza. Tcheyamani adaigwetsa ndi mtengo n'kuikankhira kunja, ndipo m'mawa mwake Hamadi adakaitola, poti inali yake. Adati singakulungenso Msilamu, nsalu yoti padakhala Shetani. Bernadetta adaitenga, naidula matewera. Adakwanira Zaina, adakwaniranso mlongo wake Jimu amene adabadwa pambuyo pake, ndipo ankawayanika pachingwe choyang'anana ndi shedi. Ana a zala pamutu aja adapeza masewera ena. Mayi wa yunifolomu adabweranso ndi nsalu yake, akuti telala winayo amawononga. Bernadetta adailandira ndi manja awiri, osamwetulira. Galimoto zochokera ku Liwonde sadasiye kuzimvetsera.

Chester adatuluka patapita zaka, atawonda, mano akutsogolo palibe. Ku Nsanama sadabwerere. Adakhazikika pa Liwonde, pamene mabasi amaima asanawoloke Shire, atavala jekete lakuda la pakaunjika, buku lopanda chikuto lili m'manja. Ankayenda pazenera ndi pazenera kuuza apaulendo kuti iye adalapa kawiri, ndipo kachiwiriko ndiye kenikeni. Satana, ankatero, amakhala m'makina a kanema, iye adamuona ndi maso. Pomaliza ankatambasula chipewa.

Tsiku lina Bernadetta ndi mwamuna wake anali m'basi ya ku Balaka, kukaonetsa Jimu kwa agogo ake. Nkhope ija idatulukira pazenera lawo.

"Che Hamadi. Mlamu. Mulungu ndi wamkulu, taonani takumananso. Ine ndidasintha, abale anga. Zakale zonse zidapita."

Bernadetta adayang'ana kutsogolo. Mipando iwiri kuchokera pomwe adakhala panali mnyamata wa malaya ofiira, khutu lili tcheru. Hamadi adakonza kukhosi, ndipo mkazi wake adadziwa funso limene linkabwera, lomwe lija la mutu wa makina. Adalowetsa dzanja pansi pa thewera la mwana namutsina mwamuna wake pantchafu, osamusiya, mpaka basi idawoloka mlatho.